Lipoti la ulendo wokaona zojambula za pa matabwa ku Santa Cruz

Loweruka lapitali, mamembala 11 a kagulu kathu ka ojambula tinalawirira kuchoka ku San Jose, n'kudzera msewu wokhotakhota wa Highway 17 mpaka ku Santa Cruz, tauni ya m'mphepete mwa nyanja ya Pacific ku California. Cholinga chinali kukaona ndi maso luso lojambula limene linakulira pakati pa anthu otsetsereka pa mafunde ndi thabwa, okwera skateboard (kathabwa ka matayala), komanso okonda nyimbo za rock.

Tinayambira ku Santa Cruz Surfing Museum, kanyumba ka nsanja younikira zombo kamene kanayamba kusunga mbiri ya masewera otsetsereka pa mafunde mu 1986. Kumeneko tinamva za akalonga atatu a ku Hawaii amene mu 1885 anasewera pa mafunde pamene mtsinje wa San Lorenzo umathira m'nyanja, atakwera matabwa a mtengo wa redwood. Sitinakhalitse, popeza malowo ndi opanikiza.

Nthawi yambiri tinathera m'sitolo ina ya matabwa a skateboard, tikusirira ntchito za Jim Phillips, amene kuyambira mu 1975 ankatsogolera zojambula za kampani ya Santa Cruz Skateboards ndipo ankajambulanso mapositala a zoimbaimba za rock. Chithunzi chake chotchuka cha mu 1985, chotchedwa Screaming Hand, ndi dzanja la buluu lodulidwa pamkono, mitsempha ili lendelende, ndipo pachikhatho pali kamwa lofuula, lilime lili panja. Mayi wina wa m'gulu lathu anagwira pakamwa n'kunena kuti kwathu anthu akanati zimenezi n'zaufiti, koma patapita kanthawi ndi iwo omwewo amene anatiitana kuti tione mmene mizere yakuda yokhuthala inagwirira chithunzi chonse. Mitundu ndi yowerengeka ndipo siisakanikirana, chifukwa kale posindikiza ndi sefa ya nsalu, mtundu uliwonse unkapakidwa paokha, motero wojambula sankawonjezera mtundu mwachisawawa.

Chimene chinandikhudza ineyo ndinachiona pa bwalo la skateboard madzulo. Zithunzizi zimakhala kunsi kwa thabwa, kumene kumakhula pa simenti ndi pa zitsulo. Mnyamata wina anatitembenuzira thabwa lake, lomwe linali ndi chithunzi cha Screaming Hand: kamwa lonse linali litapalika mpaka mtengo kuonekera, kunangotsala zala zinayi ndi kansonga ka lilime. Titamufunsa ngati sizimupweteka mtima, iye anangoseka, n'kuponya thabwalo pansi, n'kutsetsereka nalo pa chitsulo chomwecho.