Mwezi woyamba wa mnyamata wochoka mumsewu

Mnyamata akamathawa kumalo osungirako ana, kawirikawiri amathawa m'masabata oyambirira, ndipo si njala imene imamuthawitsa. Mwana amene wakhala akugona m'makhonde a masitolo ku Limbe kapena ku depoti ya Lilongwe anazolowera kugwira kandalama kake ndi kudzilamulira yekha. Mukamulanda zonsezi tsiku limodzi, adumpha mpanda. Malamulo oyamba akhale ochepa, ndipo mpatseni ntchito yakeyake, kaya kuthirira dimba kapena kudyetsa nkhuku.

Pa za thanzi, yambani ndi mphere. Mankhwala a benzyl benzoate amapakidwa kuchokera m'khosi mpaka kuphazi, ndi m'mipata ya zala momwe, n'kukhala maola 24 asanasambe. Ambiri amalakwitsa popaka mwana mmodzi yekha, mphere n'kumangozungulira m'chipindamo. Pakani onse ogona limodzi tsiku lomwelo, zovala ndi mabulangete zichapidwe ndi madzi otentha. Kuyabwa kumapitirira kwa masabata angapo ngakhale mankhwala atagwira ntchito. Mkodzo wamagazi nthawi zambiri ndi likodzo. Kuchipatala amapereka praziquantel molingana ndi kulemera kwa mwana.

Kukodza pogona kumachitika ngakhale kwa wazaka 13. Osamulengeza pagulu. Kutani matiresi ndi pulasitiki, ndipo njira yopita kuchimbudzi iziwala usiku, poti ena amaopa mdima. Mukapeza mkute pansi pa pilo, dziwani kuti sanakhulupirire kuti mawa kudzakhalanso nsima. Nthawi ya chakudya ikakhala yosasinthasintha, amasiya yekha.

Anyamata akuluakulu asamagone chipinda chimodzi ndi ang'onoang'ono. Mumsewu wamkulu ndiye amalamula, kulanda ndi kuzunza, ndipo khalidweli amabwera nalo. Wolera azigona pafupi.

Za sukulu musafulumire. Wazaka 14 amene analekeza Sitandade 2 mukamukhazika pakati pa tiana, manyazi amubwezera kumsika. Aphunzire kaye kuwerenga ndi masamu pamalopo.

Malo amenewa si kwawo kwa mwana. Lamulo losamalira ndi kuteteza ana la 2010 limaika patsogolo zomukomera mwanayo, choncho ofesi ya zachisamaliro cha anthu ya paboma idziwitsidwe iye akangofika. Musanamubwezere kwa abale, kacheze nawoni kaye mudziwe chimene chinamuchotsa pakhomo, chifukwa ngati ndi nkhanza, kumubweza n'kumutayanso. Nkhani yotere imbirani nambala yaulere yothandiza ana ya 116.