Tsiku lathunthu ndi wosema ng'oma ku Kapiri

Loweruka lapitali ndinaperekeza mwana wa achemwali anga ku Mchinji. Mtsikanayu wangoyamba kumene kujambula mafilimu, ndipo anamva za gogo wina wosema ng'oma kumudzi wina cha ku Kapiri. Yanga ntchito inali kunyamula miyendo ya kamera ndi kulipira minibasi.

Tinanyamuka ku Lilongwe mbandakucha, kudutsa Namitete, n'kutsika pa Kamwendo pomwe pamapatukira msewu wopita ku Kasungu. Tinatsata msewu umenewo mpaka pa Kapiri, ndipo kuchoka pamenepo tinakwera kabaza, fumbi mpaka m'mano.

Agogowo tinawapeza pansi pa mtengo wa mango, chipika chili pakati pa miyendo, kasemasema m'manja. Titalonjerana, ine ndinkayembekeza mafunso aja timawamva pa wailesi yakanema: munayamba liti, mavuto anu ndi otani, boma likuthandizeni bwanji. Mwanayu sanafunse ngakhale limodzi. Anaimika kamera chapatali, n'kukhala pamphasa phee. Patatha ola ndinamunong'oneza kuti batire itha pachabe.

"Atsibweni, dikirani. Sanaiwale kuti tilipo," anatero.

Ndipo anatiiwaladi. Dzuwa lili paliwombo anayamba kung'ung'udza kanyimbo, kwinaku akukalipira nkhuku zopalasa m'zipalapasa zamtengo. Anatenga chikopa chimene anachinyika dzulo lake, n'kuchikunga pakamwa pa ng'oma ina yosema kale, kukhoma zikhomo moyang'anizana, china uku china uko, kuti chikokeke mofanana. Atafika pa chikhomo chotsiriza, chikopa chija chinang'ambika. Ine ndinatsala pang'ono kunena kuti pepani. Iwo anangochiyang'ana kanthawi, kufwenthera fodya, kenako n'kuyamba kuzula zikhomo chimodzichimodzi. Kamera inali ikuyendabe. M'filimu ya malonda pamenepa akanadula, koma kwa ine mpamene ndinaona mmisiri.

Kamodzi kokha ndi pomwe mwanayu anazimitsa kamera. Ine ndi pakamwa panga ndinafunsa ngati amasemanso nkhope za gule. Gule wamkulu anamuzindikira a UNESCO, bungwe la United Nations loona za chikhalidwe, mu 2005, koma zimenezo sizitsegula dambwe kwa aliyense wobwera ndi kamera. Agogo anangoti, "Zimenezo si za pano, bambo." Mwana uja anatseka kamera osauzidwa, n'kundiyang'ana diso lija amayi ake amandiyang'ana.

Chakumadzulo agogo anatenga ng'oma yakale, kuiwamba pa moto wa udzu, kumata phula pakati, n'kumaigogoda ndi chala atatchera khutu mpaka liwu litakhala. Mdzukulu wawo, wazaka ngati zisanu ndi ziwiri, ankatsanzira pa chigubu.

Tisanatsanzike anapempha kuti adzione. Anayang'anitsitsa kagalasi ka kamerako, mphuno pafupi, mpaka pofika pong'ambika chikopa paja.

"Apa musachotse," anatero. "Koma malayawa mukanandiuza, ndikanavala a kutchalitchi."

Anatipatsa mtedza wodzadza jumbo, ndipo tinautha tisanafike pa Kamwendo.