Kakasinja kanga ka Tiger, sabata ya 6: mawilo andisinthitsa maganizo

Madzulo onse a sabata ino athera pa mawilo. Kwa amene mwangofika kumene, ndikulumikiza kachifanizo ka pulasitiki ka Tiger I, kasinja wolemera wa Ajeremani wa pa Nkhondo Yachiwiri ya Padziko Lonse. Muyeso wake ndi 1/35, ndiye kuti sentimita imodzi patebulo panga ikuimira masentimita 35 pa kasinja weniweni. Bokosi lake anandibweretsera alamu anga kuchokera ku Johannesburg pa Khirisimasi. Thupi ndinamaliza kumata masabata awiri apitawo, ndipo ndi lotalika masentimita 18. Mzinga ukadzalowa m'malo mwake, kakasinja konse kadzafika masentimita 24.

Tiger woyambirira anali ndi mawilo 24 mbali iliyonse, onse pamodzi 48, osawerengera logudubuza tcheni kutsogolo ndi lokokera tcheni kumbuyo. Wilo lenileni linali la masentimita 80 kupingasa kwake. Langa ndi locheperako pang'ono kuposa chitsekerero cha botolo la zakumwa. Lililonse lili ndi mphira m'mphepete, ndipo mphirayo iyenera kupakidwa penti yakuda payokha ndi kabulashi kosongoka. Ndinabaya wilo lililonse pa kamtengo kotokosera m'mano, n'kuzika timitengoto pa siponji yakale ya matiresi. Tebulo linangokhala ngati nazale ya bowa. Ndimapaka asanu ndi limodzi, maso n'kuyamba kuwawa, ndipume, ndibwerenso.

Lachitatu magetsi anathima cha m'ma 7, ndinapitiriza ndi nyali ya sola, ndipo m'kuwala kochepako ndi momwe ndinalakwitsa. Mawilo a Tiger sakhala mondondozana ngati a ngolo. Amalowana, lina kuseri kwa linzake, mizere ingapo, monga zimachitira zala ukapinga manja. Ndinamata mzere wakunja ndisanaone kuti wilo limodzi lam'kati kwenikweni ndaliika chagada. M'mawa nditaliona, panalibe njira yolifikira. Ndinayenera kudula guluu ndi lezala n'kuchotsa mawilo asanu abwinobwino kuti nditulutse limodzi lokhalo. Zinanditengera maola awiri, ndipo kamkono kamodzi kogwira wilo kanathyoka, moti ndachita kukalimbitsa ndi kawaya m'kati.

Ndili pakati pa ntchitoyi ndinaima n'kuganiza za amakaniko a nthawi imeneyo. Zimene ndimachita ndi lezala pa tebulo louma, iwo ankazichita ndi majeke ndi masipanala m'matope, nthawi zambiri usiku, mizinga ikulira chapafupi. Mphira ya wilo lam'kati ikang'ambika, mulu wa mawilo akunja unkayenera kuyamba wachoka. Akatswiri a ku Henschel, fakitale ya mumzinda wa Kassel imene inkapanga akasinjawa, sanachite izi mopanda nzeru. Kasinja wa matani pafupifupi 57 amafuna kuti kulemera kwake kugawike pa malo ambiri, ndipo mawilo olowanawo ankamuyendetsa mosagwedezeka kwambiri, zomwe zinkathandiza woombera. Koma aliyense amene anakankhapo njinga m'dothi la makande mvula itagwa akudziwa zomwe matope amachita akapeza mpata wopapatiza. Ku Russia matope ndi chipale zinkalowa pakati pa mawilowo masana, usiku n'kuuma gwa ndi chisanu, m'mawa kasinja osasuntha.

Poyamba ndinkafuna kumuimika pa kachitunda, mzinga utaloza kutsogolo, mkulu wa asilikali atasuzumira pamwamba, monga ajambulira pa bokosi. Pano ndasintha. Ndimupanga ali chiimire m'mbali mwa munda wa tirigu, tcheni chakumanzere chitaduka, mawilo atatu ali pansi, asilikali ake akutuluka thukuta pomukonza. Ndawerenga za akasinjawa kwa zaka zingapo, ndipo ndikuona kuti umu ndi momwe Tiger ankaonekera masiku ambiri a moyo wake.

Musandimve molakwa, mphamvu zake si nthano ayi. Mzinga wake wa mamilimita 88 unkaboola T-34, kasinja wa Asovieti, pa mtunda wopitirira kilomita imodzi ndi theka. Chitsulo chake chakutsogolo chinali chochindikala mamilimita 100, cham'mbali chapamwamba 80. Mu 1943 mzinga wa mamilimita 76 wa pa T-34 sunkatha kumuboola kutsogolo pokhapokha atayandikira moika moyo pachiswe, ndipo wa 75 wa pa Sherman ya Amereka unali ndi vuto lomwelo. M'kati munkakhala anthu asanu, aliyense ndi ntchito yake, ndi zipolopolo 92. Pa chigwa choyera, dothi lili louma, injini ili bwino, mafuta alipo, Tiger mmodzi ankatha kuimitsa gulu lonse la adani. Mantha amene asilikali a mbali inayo anali nawo anali ndi chifukwa chake.

Koma taonani kuchuluka kwa zinthu zimene ndatchula kuti zikhale bwino nthawi imodzi. Injini ya Maybach imene anayamba nayo inali ya mphamvu za akavalo 650, kenako anaika ya 700, ndipo zonse ziwiri zinkagwira ntchito mobanika pokoka chimtolo chotere. Dalaivala wosazolowera akaipanikiza, inkatentha, giyabokosi kapena magiya otembenuza tcheni n'kuphwanyika. Matanki ake ankalowa petulo wokwana malita pafupifupi 540, kunena kwake zigubu 27 za malita 20, koma m'tchire ankangoyenda nawo makilomita cha m'ma 100. Ndi ulendo wochoka ku Lilongwe kukafika ku Salima basi, mafuta onsewo n'kutha, m'dziko limene petulo ankasowa chaka ndi chaka.

Ngakhale kumufikitsa kunkhondo kunali nkhondo payokha. Ndi matcheni ake omenyera nkhondo, a mamilimita 725 m'lifupi, ankapitirira muyeso wololedwa pa njanji. Asanakwere sitima, asilikali ankachotsa mawilo a mzere wakunja, kuchotsa malata otchinga matope m'mbali, kuvula matcheni aakuluwo n'kumuveka ang'ono a mamilimita 520. Akafika, ntchito yonse ija ibwerezedwe chobwerera m'mbuyo. Tcheni chimodzi chinali ndi mfundo 96, iliyonse yolemera makilogalamu pafupifupi 30. Ine ndalumikiza kale mfundo 96 za mbali yakumanja, imodziimodzi ndi kachitsulo kopanira, ndipo zala zanga zachita dzanzi ngakhale kuti zanga n'zopepuka ngati mankhusu. Milatho yambiri sinkatha kumunyamula, n'chifukwa chake oyambirira anawapanga oti azitha kuwoloka mtsinje pansi pa madzi ndi chipaipi chopumira, mpaka anadzasiya poona kuti n'zodula ndiponso zotaya nthawi.

Malo amene ndasankha ndi Kursk, ku Russia, pa 5 Julayi 1943, tsiku loyamba la chiwembu chachikulu cha Ajeremani m'chilimwe chimenecho. Akasinja a Tiger amene analipo anali pafupifupi 150. Bataliyoni ya 503, yomwe inali ndi 45, inali chakum'mwera pafupi ndi Belgorod, ndipo inayenera kuwoloka mtsinje wa Donets. Ena anachedwa podikira mlatho wotha kunyamula matani 60. Kampani yachiwiri ya bataliyoniyi, gulu la akasinja 14, inalowa m'dera lodzaza mabomba okwirira pansi, ndipo pofika madzulo pafupifupi onse anali ataima. Ambiri mwa iwo sanaboledwe n'komwe. Bomba lokwirira, chinthu choti munthu mmodzi amanyamula m'manja, linkangodula tcheni n'kuphwanya mawilo awiri kapena atatu, kasinja wodula kuposa onse n'kukhala chiimire pamalo amodzi. Ambiri anakonzedwa n'kubwerera, koma masiku amene ankafunika kwambiri anali atapita. Kakasinja kanga kadzakhala ndi nambala yoyamba ndi 2 pamutu pake wozungulira wonyamula mzinga, poti nambala yoyamba inkasonyeza kampani.

Chimene chimandikhudza kwambiri ndi nkhani yokoka wowonongeka. Kuti Tiger mmodzi akokedwe pankafunika mathirakitala ankhondo a matani 18, awiri kapena atatu atamangirizana, ndipo sankakwanira. Kukoka Tiger ndi Tiger mnzake kunali koletsedwa chifukwa injini ya wokokayo inkapsa, koma asilikali ankachitabe posowa pogwira, mapeto ake n'kutaya awiri m'malo mwa mmodzi. Pamene gulu likupita kutsogolo, wowonongeka amatsalira m'manja mwako ndipo umamukonza mawa. Pamene ukuthawa, amatsalira m'manja mwa mdani. Kuchokera kumapeto kwa 1943 Ajeremani ankangobwerera m'mbuyo, ndiye kasinja woduka tcheni kapena wouma mafuta ankaphulitsidwa ndi eni ake omwe. Ku Italy mu Meyi ndi Juni 1944, bataliyoni ya 508 pobwerera kudutsa chigawo cha Rome inataya akasinja ambiri mwa njira imeneyi kuposa amene anaphedwa ndi mizinga ya adani.

Zizindikiro zinalipo kuyambira pachiyambi. Anayi oyamba anatumizidwa pafupi ndi Leningrad mu Ogasiti 1942, m'dera la madambo ndi nkhalango, kumene anawonongeka ndi kutitimira asanaonetse chilichonse. Mu Januwale 1943 Asovieti anagwira mmodzi wathunthu n'kuyamba kumuyesa ndi mizinga yawo. Ku Tunisia mu Epulo 1943 Angerezi anagwira Tiger 131, chipolopolo chitapanikiza mutu wake kuti usazungulire, asilikali ake n'kumuthawa. Ameneyo ali ku nyumba yosungira akasinja ku Bovington, ku England, ndipo ndi Tiger I yekhayo padziko amene injini yake ikuyendabe. Zithunzi zake ndi zimene ndikuonera poika tizitsulo ta kumbuyo. Pofika 1944 mayankho anali atafika: akasinja a Asovieti T-34 ya mzinga wa mamilimita 85 ndi IS-2 ya mzinga wa 122, komanso Sherman Firefly ya Angerezi.

Nanga chiwerengero? Tiger I anapangidwa pafupifupi 1,350 kuyambira 1942 mpaka Ogasiti 1944. Sherman anapangidwa pafupifupi 49,000, T-34 kupitirira 50,000 m'zaka za nkhondoyo. Wolowa m'malo mwake, Tiger II, anafika matani pafupifupi 70 koma injini inali yomwe ija ya 700, ndipo sanakwane n'komwe 500. Ku Ardennes mu Disembala 1944 ena anasiyidwa m'mudzi wa La Gleize ku Belgium gulu lawo litatheratu mafuta, asilikali n'kuthawa wapansi. Mmodzi akadali pomwepo mpaka lero.

Pali chinanso chimene chandichititsa kusafuna kumuimika monyadira. Mnzanga wina atabwera kudzaona anandifunsa kuti, "Achimwene, bwanji mukutaya nthawi ndi chida cha Hitler?" Funso lake ndi loyenera. Kasinjayu anali chida cha boma limene linapha anthu mamiliyoni, ndipo m'mafakitale a Henschel munkagwira ntchito anthu ambiri ogwidwa ukapolo kuchokera m'mayiko olandidwa. Minda ya tirigu ya ku Kursk inali ya anthu amene sanaitane nkhondoyo. Ndimakonda kumvetsa momwe makinawa ankagwirira ntchito, koma sindikufuna kuti mwana wanga akayang'ana pa shelefu aone chinthu chosiririka chopanda banga.

Tsopano za pomwe ntchito yafika. Thupi ndalipaka penti yachikasu chodera, mtundu umene Ajeremani anayamba kugwiritsa ntchito mu Febuluwale 1943, ndipo pamwamba pake ndidutsitsa mizere yobiriwira yosalongosoka, poti imeneyi asilikali ankapaka okha kutchire ndi chilichonse chimene apeza. Phala lokhakhala lija lotchedwa Zimmerit sindiika, chifukwa linayamba kupakidwa nkhondo ya Kursk itadutsa. Zosefera mpweya za Feifel, zija zokhala ngati timigolo kumbuyo, ndamata kale zonse ziwiri pamodzi ndi mapaipi ake.

Pansi pake ndadula thabwa la masentimita 35 kwa 25. Dothi ndatapa lakuda kudimba, osati lofiira la pakhomo pano, chifukwa nthaka ya chigawo cha Kursk ndi yakuda bii. Ndaliyanika masiku atatu, kulisinja mumtondo waung'ono, n'kulisefa kawiri ndi sefa ya ufa mpaka kukhala ngati fumbi. Ndikalisakaniza ndi guluu wa matabwa wothira madzi limagwira bwino ndipo silisweka likauma. Dzenje la bomba ndalikumba ndi supuni ya tiyi dothi likadali lofewa. Tirigu ndiye akundivutabe. Ndayesa ulusi wa chingwe cha khonje woduladula masentimita atatu, ukuoneka bwino patali, koma pafupi ukusowa ngala. Ngati alipo amene anapezapo njira yopangira ngala zazing'ono chotere, andiuze chonde.

Sabata yamawa ndilumikiza tcheni chakumanzere, koma ndichisiya chotseguka pa mfundo ya 30, chigawo chakutsogolo chitagona pansi ngati chakokedwa ndi kasinja asanaime. Mawilo atatu amene ndichotse ndi ena mwa asanu aja ndinawadula ndi lezala Lachinayi. Zipsera za guluu zimene zinatsalira m'mphepete mwake ndizidetsa ndi penti yakuda ndi ya dzimbiri, zikhale pamene bomba linang'amba mphira.