Tawapeza madala aja, matepi 12 apulumuka. Zikomo

Mulungu alemekezeke. Madala amene tinkawafunafuna aja, eni ake a matepi akale a vidiyo, tawapeza, ndipo avomera kulankhula pa kamera bola nkhope ndi dzina zisaoneke. Tagwirizana choncho, asaina. Musawadabwe. Ankajambula mobisa zionetsero za Meyi 1992 ku Blantyre ndi mizere ya riferendamu ya pa 14 Juni 1993, dziko lilibe wailesi yakanema, filimu iliyonse ikuyenera kudutsa ku Censorship Board, bungwe la boma lounika mafilimu. Kunja kwa matepi ankalembako "ukwati" kapena "chinkhoswe". Mantha otere satha msanga.

Koma zikomo wamkulu apite kwa inu bambo okonza mawailesi ku Ndirande. Ndinu munatilozera njira, ndinunso munapulumutsa ntchito. Matepi a VHS anali 14 m'katoni, 9 atachita chuku. Munatiletsa kuika ngakhale imodzi mu deki (makina oonetsera matepi a vidiyo), chifukwa chuku chimamata pa mitu ya makina n'kufalikira ku tepi iliyonse yotsatira. Munayamba mwathyola kachidutswa kakumbuyo kuti wina asajambulirepo mwangozi. Kenako masabata awiri m'chigoba chotseka bwino pamodzi ndi silica gel kuti chinyontho chichoke, osaanika padzuwa, poti tepi imapindika ikatenthedwa. Zitauma, kumasula masikuluwu asanu a kaseti, kuzungulitsa ndi dzanja pang'onopang'ono, kupukuta ndi kansalu kosathothoka ubweya, masiki kumaso. Mitu ya deki munkaitsuka ndi sipiriti wa isopropyl wa 99% tepi iliyonse ikatha, mopingasa, chifukwa mukapukuta chokweza ndi chotsitsa imathyoka. Bambo, Ambuye akudalitseni, manja amenewo asatope.

Matepi awiri atayika. Wina kalekale anawalumikiza ndi selotepi wamba, guluu n'kusungunuka n'kumata malo ambiri. Chonde musamatero.

Achemwali amene munatibwereka time base corrector (makina okhazikitsa chithunzi cha vidiyo), popanda inu chithunzi chikanamanjenjemera mpaka lero. Matepiwo tawakopera mu DV ya PAL (mtundu wa vidiyo ya digito), pafupifupi 13 GB pa ola, makope atatu osungidwa m'nyumba zitatu. Amayi a ku Mwanza amene munatigoneka pabalaza masiku anayi, zikomo.

Ena munalonjeza galimoto ndi mafuta, foni n'kumangoitana miyezi isanu. Tinakwera minibasi, tinafika.

Bambo a ku Ndirande, ndalama munakana, tamva. Koma lamba wa deki yanu uja anaduka pa tepi yomaliza. Tayitanitsa watsopano ku Johannesburg, ameneyo yekha musakane.