Kasiyamaliro salola nyali: ulendo wa kamera ku Mua

Njira ya ku Mua ilibe zambiri. Kuchokera ku Lilongwe mudzere ku Dedza, mutsike mapiri a Golomoti mpaka mu msewu wa M5, kenako kabaza. Mtengo wa minibasi funsani tsiku lomwelo, umayendera mafuta komanso nkhope yanu. Yambirani ku Kungoni, malo a zachikhalidwe ndi zaluso omwe Bambo Claude Boucher adakhazikitsa mu 1976, muone zigoba za Gule Wamkulu mu nyumba yoonetsera zachikhalidwe ya Chamare. Koma zigoba zopachikidwa sizivina.

Chomwe ojambula mafilimu osinkhasinkha za imfa amadzera ndi mpalo, mwambo wotsanzikana ndi mzimu patapita miyezi chiikireni maliro. Umachitika m'chilimwe anthu atakolola, mowa ukapsa. Chilolezo chimachokera kwa amfumu ndi eni maliro. Kudambwe kamera siloledwa, osayerekeza n'komwe.

Usiku wonse kumakhala ng'oma ndi fumbi. Kenako, kunja kusanayere, amayi amasintha nyimbo, ng'oma yotsogolera ya mbalule n'kuyamba kulira mwina, ndipo kuchokera kumanda kumatulukira Kasiyamaliro, chilombo chonga mphalapala, chamsana wopindika, cholukidwa ndi makoko a chimanga. Chimazungulira pabwalo, makoko akuchita waa! waa!, n'kupita kukaima pakhomo pa malemu. Apa ndi pomwe ambiri amaononga. Wina amayatsa nyali ya kamera, atsabwalo n'kukwiya, gule n'kubwerera. Kuwala kwa moto ndi komwe muli nako basi. Tsegulani lenzi kwambiri, mpaka f/1.8, kuti kuwala kulowe kochuluka, ikani kamera pa miyendo yake, muisiye mphindi 10 osaigwedeza. Mdima ukadya theka la chithunzi, usiyeni udye, filimu yotere imakoma pomwepo.

Mabatire tengani 4, magetsi m'mudzi musawadalire. Lenzi musasinthire pabwalo, fumbi likalowa mkati chithunzi chilichonse chimatuluka ndi timadontho. Maikolofoni italikirane ndi ng'oma, apo ayi mawu amasweka ndipo nyimbo za amayi, zomwe zanyamula uthenga wonse, zimamira. Sungani ma K500 ndi K1,000 osupira. Ndalama imaikidwa pansi, mutanyonyomala.

Chodandaulitsa n'chakuti chilengezereni bungwe la UNESCO mu 2005 kuti guleyu ndi chuma cha chikhalidwe cha dziko lonse lapansi, alendo ena amafuna avinidwe masana, nthawi yomwe iwo akonda, kuti zithunzi ziwale. Amapita kwawo ndi mitundu yokongola, koma wamasiye amene adakhala chete pakhonde, mutu wongometa kumene, palibe adamujambula.