Sabata ya sitalaka pageti la fakitale

Ntchito yanga ndi yoona za anthu ogwira ntchito pafakitale ina ku Makata mumzinda wa Blantyre, ndipo sitalaka ya sabata yatha sinandidzidzimutse. Chigwereni kwacha ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, malipiro a anyamata a kumakina akhala akuchepera thumba la chimanga ndi lendi ya ku Ndirande. Zokambirana ku ofesi ya leba zidakanika, a yuniyoni n'kupereka chidziwitso cha masiku 7 monga likunenera lamulo la Labour Relations Act la 1996.

Lolemba kunali nyimbo ndi zikwangwani basi. Lachiwiri m'mawa tinapeza chipika cha bulugamu chitagonekedwa pageti, miyala itaunjikidwa mbali zonse. Lole yodzaza katundu wa ku Lilongwe inaima m'kati, dalaivala atazimitsa injini. Mayi wina wa ku akaunti amene anafuna kulowa anamukuwiza mpaka anabwerera akulira. Zimenezo zinandiwawa, chifukwa ufulu wonyanyala ntchito sulanda wina ufulu wake wolowa.

Abwana anandiitana. "Amayi, imbirani apolisi awachotse onsewa." Ndinawayankha kuti, "Bwana, apolisi ndiwaitana kuti geti litseguke. Koma anthuwa akuchita sitalaka yovomerezeka, kuwathamangitsa sitingathe." Sanakondwe nazo. Mabwana ambiri amaona ngati wapolisi ndi mlonda wa kampani wovala yunifolomu ya boma, pomwe ntchito yake pamalo otere ndi yochepa ndithu: kuti msewu upitike, munthu asamenyedwe, katundu asawonongedwe. Nkhani ya malipiro si yake.

Kupolisi ndinapita ndi kalata ya chidziwitso ija pamodzi ndi zithunzi za pageti. Mkulu amene ndinamupeza anayamba ndi kufunsa ngati a leba akudziwa, kenaka anati atumiza anyamata ake koma opanda utsi wokhetsa misozi. Mtima wanga unakhala pansi. Akuluakulu a mumzinda muno sanaiwale Meyi 1992, pamene sitalaka imene inayambira ku fakitale ya nsalu ya David Whitehead and Sons inafalikira m'misewu, apolisi n'kuwombera, anthu oposa 30 n'kufa.

Zimene anachita sajeni wina Lachitatu sindidzaziiwala. Anatsika galimoto, navula chipewa, n'kupita molunjika kwa tcheyamani wa yuniyoni. "Achimwene, imbani mpaka dzuwa lilowe, palibe akugwireni. Koma chipikachi chichoke." Anakangana nthawi yaitali, ena kumbuyo akufuula kuti apolisi agulidwa. Sajeniyo sanayankhe. Anawerama n'kugwira mbali imodzi ya chipika, n'kungodikira ali chiweramire. Tcheyamani anayang'ana anzake, kenaka anakodola anyamata awiri. Chitachoka, sajeni analemba mzere m'dothi ndi nsapato yake kuti onyanyala aziima tsidya lake. Lole inatuluka pang'onopang'ono anthu akuiimbira nyimbo yachipongwe, koma galasi silinasweke ngakhale limodzi.

Vuto la Lachinayi linachokera kwa ife. Mmodzi wa mamanejala anafuna kulowetsa aganyu kuti makina ayende, apolisi awaperekeze. Ndinakana poyera. Lamulo lomwe lija silimulola bwana kulemba anthu ena m'malo mwa amene ali pasitalaka yovomerezeka, kupatula ntchito yochepa yosamalira malo ndi makina. Ndiponso tikanatero, sajeni uja akanaoneka wabodza pamaso pa anthu amene anamukhulupirira dzulo lake, ndipo chipika chikanabwerera pageti usiku womwewo.

Lachisanu tinakhala pansi ndi a leba. Chimene chinkawatsina a yuniyoni ndi kusintha kwa lamulo kwa mu 2021, kumene kumalola bwana kudula malipiro sitalaka ikapitirira masiku atatu pachaka. Kwa munthu wolandira ndalama zosafika pa 20 ya mwezi, kudulidwa masiku awiri ndi njala yeniyeni. Ndinapempha abwana kuti asadule, iwo anati aganizira malinga ntchito iyambe. A yuniyoni anavomera kubwerera Lolemba, ndipo nkhani yokweza malipiro tikaipitiriza ku ofesi ya leba sabata ino. Apolisi anachoka pageti madzulo a tsiku lomwelo osamanga munthu.