Metoprolol tartrate ndi metoprolol succinate: werengani dzina mpaka kumapeto

Pa katoni ya mankhwala a mtima pamakhala mayina awiri kapena atatu. Maso a ambiri amathera pa dzina lalikulu lija, lolembedwa mokongola, lomwe ndi la kampani yopanga. Pansi pake pamakhala kadzina kena ka zilembo zing'onozing'ono, kovuta kutchula, ndipo kameneko ndiye dzina lenileni la mankhwalawo. Lopressor, Betaloc, Seloken ndi Toprol-XL ndi mayina a malonda, koma m'kati mwa onsewo muli metoprolol. Ndasankha ameneyu chifukwa dzina lake limasokoneza odwala ngakhalenso ogwira ntchito m'zipatala, makamaka liwu lachiwiri lija lomwe anthu amalidumpha ngati chokometsera chabe.

Mayina oterewa sangobwera mwachisawawa. Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO ndi lomwe limavomereza dzina limodzi la mankhwala alionse, kuti dokotala wa ku Tokyo ndi wa ku Lima azimvana akalitchula. Mndandanda woyamba wa mayinawa unatuluka mu 1953. Lamulo lake lalikulu ndi lakuti mankhwala ogwira ntchito mofanana azithera mofanana, kotero mchira wa dzina ndi umene umanena mtundu wake. Othera mu -pril, monga enalapril ndi captopril, ndi banja limodzi. Losartan ndi valsartan ndi a banja la -sartan, amlodipine ndi nifedipine ndi a -dipine. Metoprolol ali m'banja la -olol, pamodzi ndi atenolol, bisoprolol ndi propranolol.

Banja la -olol madokotala amalitchula kuti beta blocker. Munthu akathamanga, akachita mantha kapena akapsa mtima, thupi limatulutsa mankhwala akeake otchedwa adrenaline, yemwe amakakhala pa timalo tolandirira uthenga totchedwa beta. Akafika pa timalo ta mu mtima, mtimawo umagunda msanga ndiponso mwamphamvu. Metoprolol amakatsekereza timalo timeneti, ndiye uthenga wa adrenaline umafika wofooka. Mtima umachepetsa liwiro, umapeza mpata wodzaza magazi bwino usanawakankhe, sufuna mpweya wochuluka, ndipo BP imatsika. N'chifukwa chake amaperekedwa kwa odwala BP, kwa omva kupweteka pachifuwa chifukwa cha kuchepa kwa magazi opita ku mtima, kwa amene mtima wawo umagunda mosalongosoka, komanso kwa amene mtsempha wa mu mtima unawatsekekapo. Woyamba kutchuka m'banjali anali propranolol, wopangidwa ndi James Black m'zaka za m'ma 1960, ntchito yomwe inam'pezetsa mphoto ya Nobel mu 1988. Metoprolol anabwera pambuyo pake kuchokera ku Sweden, ndipo anasiyana ndi propranolol pa chinthu chimodzi chofunika: amakonda timalo ta beta 1, tomwe tachuluka mu mtima, kuposa ta beta 2 ta m'mapapo. Ndati amakonda. Mlingo ukakwera, amakhudzanso mapapo, choncho wodwala mphumu asaone ngati wapulumukiratu.

Mchirawo uyenera kukhala -olol wathunthu. Paracetamol, allopurinol ndi haloperidol amathera mu -ol koma alibe nawo ubale. Salbutamol, yemwe odwala mphumu amapopera m'kamwa, ndiye amachita zotsutsana nazo: amadzutsa timalo ta beta m'malo motitseka. Kwinaku timolol, amene amadonthezedwa m'maso mwa odwala glaucoma, matenda amene madzi a m'diso amapanikiza kwambiri, ndi wa m'banjamo ndithu. Ngakhale ndi madontho, gawo lina limalowa m'magazi, ndipo likakumana ndi metoprolol mtima ungatsike liwiro kuposa mmene dokotala anafunira. Anthu ambiri akafunsidwa mankhwala amene akumwa satchula a m'maso, poganiza kuti poti samwa ndiye si mankhwala. Vuto lina lofala ndi la munthu amene wapatsidwa atenolol kuchipatala china ndi metoprolol kwina, n'kumamwa onse awiri poganiza kuti awa ndi a BP, awo ndi a mtima. Mayina awiri othera mu -olol pa tebulo limodzi ndi chifukwa chokwanira chobwererera kwa dokotala.

Mutu wa dzina, meto-, suuza wodwala chilichonse chothandiza. Ntchito yake ndi kusiyanitsa mankhwalawa ndi abale ake basi. M'malo mwake ndi pomwe ngozi imayambira, chifukwa pa kapepala kolembedwa mothamanga metoprolol amafanana ndi metoclopramide woletsa kusanza, metformin wa matenda a shuga, ngakhalenso misoprostol, amene amayambitsa kufinyika kwa chiberekero. Kuwerenga zilembo zitatu zoyambirira n'kuganizira zotsalazo ndi chizolowezi choipa.

Tsopano tifike pa liwu lachiwiri. Metoprolol payekha sapangika bwino kukhala piritsi, ndiye opanga amamulumikiza ndi asidi wina kuti akhale ufa wokhazikika, wosungika komanso wosungunuka m'mimba. Akatswiri amati wasanduka mchere, ngakhale si mchere wothira m'ndiwo. Akamulumikiza ndi asidi wopezeka mu mphesa, dzina limakhala metoprolol tartrate. Akamulumikiza ndi asidi wina, yemwe dzina lake linachokera ku liwu la Chilatini lakuti succinum, kutanthauza utomoni wa mitengo womwe unauma kalekale n'kukhala ngati mwala, limakhala metoprolol succinate. Akasungunuka m'thupi, asidiyo amachoka ndipo chotsala ndi metoprolol yemweyo. Ndiye kusiyana kuli pati? Kuli pa mmene piritsilo linapangidwira, ndipo liwu lachiwirilo ndi chizindikiro chake.

Piritsi wamba la tartrate limasungunuka lonse nthawi imodzi. Mankhwala amakwera m'magazi pasanathe maola awiri, kenako chiwindi chimayamba kuwaphwanya, moti pakadutsa maola atatu kapena anayi mwa anthu ambiri theka limakhala latha. N'chifukwa chake kawirikawiri amamwedwa kawiri pa tsiku, m'mawa ndi madzulo, nthawi ya chakudya kapena mukangomaliza kudya. Chakudya chimawonjezera kuchuluka kwa mankhwala olowa m'magazi, choncho kumwa lero muli ndi njala, mawa mutakhuta, kumachititsa kuti mphamvu yake izisinthasintha.

Piritsi la succinate mukalinyema n'kuyang'anitsitsa, si ufa wopanikizidwa chabe. Muli timibulu tambirimbiri ting'onoting'ono, ndipo kalikonse kali ndi kachikopa kake komwe kamalola mankhwala kutuluka pang'onopang'ono kwa maola pafupifupi 20. Piritsi lenilenilo limamwazika msanga m'mimba, koma timibuluto timapitiriza kudontheza mankhwala tikuyenda m'matumbo. Limodzi limakwanira tsiku lonse. Apa ndi pomwe pachokera lamulo lomwe limaoneka ngati likudzitsutsa: mungalinyeme pakati potsata mzere uli pamwamba pake, koma musalitafune kapena kulisinja. Kunyema pa mzere kumagawa timibulu m'magulu awiri, tambiri tili tamphumphu. Kusinja ndi supuni kumaswa tizikopa tija, ndipo mankhwala a tsiku lonse amakhuthukira m'magazi nthawi imodzi. Wodwala amachita chizungulire, BP imagwa, ndipo pofika usiku mankhwala atha m'thupi. Osamalira okalamba amene akuvutika kumeza amagwa kwambiri m'mbuna imeneyi, pofuna kuwathandiza. Njira yake ndi kuuza dokotala kuti wodwala sakutha kumeza, asankhe mtundu wina.

Manambala nawonso amadabwitsa. Pa makatoni ena a succinate mupeza 23.75 mg, 47.5 mg, 95 mg kapena 190 mg, pomwe dokotala analemba 25, 50, 100 kapena 200. Palibe amene wakuberani. Asidi wa succinate ndi wopepukirapo kuposa wa tartrate, ndiye 47.5 mg ya succinate imanyamula metoprolol wofanana ndi amene ali mu 50 mg ya tartrate. Makampani ena amalemba kulemera kwenikweni, ena amalemba nambala yofananitsayo, ena zonse ziwiri.

Dokotala akamasintha wodwala kuchoka ku mtundu wina kupita ku unzake, amawerengera mlingo wa tsiku lonse. Amene amamwa tartrate 50 mg kawiri pa tsiku amapita ku succinate 100 mg kamodzi. Zolakwika zimachitika anthu akangoyang'ana nambala ya pa piritsi. Wa tartrate 50 mg kawiri akapatsidwa succinate 50 mg kamodzi, mlingo wake watsika ndi theka osadziwa, ndipo patapita masiku mtima umayambanso kuthamanga kapena chifuwa kupweteka. Wa succinate 100 mg kamodzi akapatsidwa tartrate 100 mg n'kupitiriza kumwa kamodzi, m'mawa amakhala wolefuka ndi mankhwala ochuluka, m'bandakucha wotsatira mtima uli wopanda chitetezo. Woyipitsitsa ndi amene anazolowera kumwa kawiri, wapatsidwa succinate 100 mg m'malo mwa tartrate 50 mg, n'kupitiriza kawiri komweko. Ameneyo wawirikiza mlingo.

Pa matenda a kufooka kwa mtima, pomwe mtima ukulephera kukankha magazi mokwanira, miyendo ikutupa ndipo munthu akuchita befu, kusiyanaku n'kwakukulu koposa. Kafukufuku wotchedwa MERIT-HF, wofalitsidwa mu 1999, anatsata odwala 3,991 ndipo anapeza kuti succinate wotuluka pang'onopang'ono anachepetsa imfa ndi 34 peresenti. Umboni wotere tartrate alibe. Choncho pa matendawa madokotala amasankha pakati pa metoprolol succinate, bisoprolol ndi carvedilol (yemwenso ndi beta blocker ngakhale sathera mu -olol), ndipo kupereka tartrate chifukwa ndi amene alipo pa shelefu si kupereka chinthu chofanana. Amayamba ndi mlingo wochepa kwambiri, 12.5 mg kapena 25 mg pa tsiku, n'kumawirikiza pakatha milungu iwiri iliyonse ngati thupi likulola, mpaka 200 mg. Kufulumira pamenepa kumafooketsa mtima wofooka kalewo. Samayambitsanso mankhwalawa madzi atadzaza m'mapapo, amayamba achotsa madziwo.

Chenjezo limodzi kwa amene angaloweze kuti tartrate ndi wachangu, succinate ndi wapang'onopang'ono: m'mayiko ena mulinso tartrate wopangidwa kuti azituluka pang'onopang'ono. Ndiye pambuyo pa dzina yang'anani zilembo ngati XL, ER, CR, SR, ZOK kapena liwu lakuti Retard. Zonsezi zikutanthauza piritsi losatafunidwa.

Kaya ndi mtundu uti, phunzirani kuwerenga kugunda kwa mtima. Khalani pansi mphindi zisanu, ikani zala ziwiri, cha mkombaphala ndi chapakati, pa mkono m'munsi mwa chala chachikulu, ndipo werengani kwa mphindi yathunthu. Musagwiritse chala chachikulu, chili ndi kugunda kwakekwake. Kugunda kwa pakati pa 55 ndi 65 mwa munthu womwa -olol nthawi zambiri ndi komwe dokotala akufuna. Kukatsika pansi pa 50, makamaka pali chizungulire, kulefuka kapena kukomoka, funsani kuchipatala musanamwe piritsi lotsatira. Kutopa ndi kuzizidwa manja ndi mapazi kumachitika m'milungu yoyamba, ndipo kutopako mwa ambiri kumachepa.

Osasiya mwadzidzidzi. Timalo ta beta tikatsekedwa kwa nthawi yaitali, thupi limapanga tina towonjezera. Mankhwala akachoka mwadzidzidzi, adrenaline amapeza makomo onse ali otsegula, mtima n'kuthamanga koopsa, ndipo mwa amene mitsempha yawo ya mu mtima ndi yopapatiza izi zingabweretse kupweteka pachifuwa kapena kutsekeka kwa mtsempha. Dokotala akafuna kusiyitsa, amatsitsa pang'onopang'ono kwa mlungu umodzi kapena iwiri. Pa chifukwa chomwecho, kukatenga ena mapiritsi asanathe ndi mbali ya chithandizo. Mukaiwala kumwa ndipo nthawi ya piritsi lotsatira yayandikira, lidumpheni loiwalikalo, musamwe awiri.

Odwala shuga adziwe kuti metoprolol amabisa kuthamanga kwa mtima komwe kumawachenjeza kuti shuga watsika. Thukuta lokha ndi lomwe limatsala ngati chizindikiro chodalirika, choncho kuyeza magazi kumaposa kudalira mmene mukumvera. Verapamil ndi diltiazem, mankhwala ena a BP ndi mtima, nawonso amachepetsa liwiro la mtima, ndipo kuphatikiza ndi metoprolol kumafuna diso la dokotala. Fluoxetine ndi paroxetine, operekedwa pa matenda a kukhumudwa, amatsekereza njira ya m'chiwindi yotchedwa CYP2D6 yomwe imaphwanya metoprolol, ndiye mlingo womwewo umakhala wamphamvu kuposa kale.

Pa kapepala koyenda nako m'chikwama, kulemba kuti "mankhwala a mtima, oyera, kamodzi pa tsiku" sikuthandiza amene angakulandireni kuchipatala usiku, chifukwa maonekedwe a piritsi amasintha kampani ikasintha. Koperani mzere wonse monga uliri pa katoni, mwachitsanzo: metoprolol succinate ER, 47.5 mg, piritsi limodzi m'mawa. Mukakatenga ena ku famase, fananizani katoni yatsopano ndi kapepalako musanachoke pa windo, liwu ndi liwu, ndipo ngati liwu lachiwiri lasintha, funsani kuti mudzimwa kangati pa tsiku.